CHENJEZO KWA ONSE A M'MAESITETI A TIYI KU THYOLO AMENE AKUKONZA MAULENDO OKAONA NYAMA

Uthenga uno ukupita kwa inu nonse a m'maesiteti a tiyi, kuyambira ku Satemwa, Conforzi, Naming'omba ndi Makandi mpaka ku Makwasa: othyola tiyi, akapitawo, makalaki, a m'mafakitale, aphunzitsi, amayi a Mvano ndi a Dorika, makwaya ndi magulu a banki m'khonde. Ngati mwasonkha ndalama kuti mukaone nyama ku Majete, ku Lengwe kapena ku Liwonde mvula isanagwe, musakwere galimoto musanadziwe amene akakutsogolereni m'nkhalangomo. Mukalowa pageti, mverani mawu ake ngakhale atakhala wamsinkhu wa mwana wanu. Nyama za kumeneko zimapha, ndipo Okutobala ndi Novembala ndi miyezi imene anthu amayandikana nazo kwambiri.

Nyengo ino udzu wapsa, madambo aphwa, ndipo nyama zonse zatsikira m'mbali mwa Shire ndi Mkulumadzi kufuna madzi. N'chifukwa chake zimaoneka mosavuta. Koma zimakhala zothinana, zaludzu, zosachedwa kukwiya, makamaka njovu zoyamwitsa. Kuno kumtunda ndi nthawi imenenso tiyi sanaphuke kwenikweni, ntchito yapepukako, ndiye magulu ambiri amasankha masabata omwewa kuti ayende.

Akuluakulu ena pakati pathu akukumbukira Majete wakale. Pofika 1992 opha nyama mozemba adali atamaliza njovu zonse, ndipo munthu ankatha kupita kukaona mathithi a Kapichira osakumana ndi choopsa chenicheni. Majete ameneyo adatha. Bungwe la African Parks lidayamba kuyendetsa nkhalangoyi mu 2003 mogwirizana ndi boma, ndipo chaka chomwecho zipembere zidabwerera. Njovu zidabwera mu 2006, anyalugwe mu 2011, mikango mu 2012. Njati ziliko zambirimbiri. Ku Liwonde, komwe bungweli lidalowa mu 2015, mikango idabwezeretsedwa mu 2018, ndipo njovu zidaswana mpaka zokwana 263 zidasamutsidwira ku Kasungu mu 2022. Choncho, abambo anga, amene mudapitako kalekale musauze anzanu kuti kulibe mantha. Mukunena za malo amene mudawadziwa asanasinthe.

Choyamba kusamala nacho ndi munthu amene akutolera ndalama. Masiku ano uthenga umangofika pa WhatsApp: ulendo wa ku Majete, mtengo wakutiwakuti, tumizani pa Airtel Money kapena Mpamba. Ena mwa okonza maulendowa ndi anthu okhulupirika, koma ena amangopeza minibasi ndi dalaivala basi, osaganiza zoti m'nkhalango mukatsogolera ndani. Mufunseni wokonzayo mafunso awa pamaso pa gulu lonse. Kodi ndalama yolowera pageti ili m'kati mwa mtengowu? Kodi gaidi wa pamalopo walipiridwa? Galimoto ndi yotani, ndipo ili ndi mipando ingati? Amalawi amalipira ndalama yocheperapo pageti kusiyana ndi alendo akunja, ndipo amapatsidwa lisiti. Wokonza amene akuti “gaidi ndi wodula, tizingodzionera tokha” akukupulumutsirani ndalama yochepa kwambiri poyerekeza ndi chimene mungataye. Dalaivala wa minibasi ya Limbe–Thyolo amaudziwa msewu wake, koma sadaphunzire kuwerenga nkhope ya njovu.

Ndipo kuwerenga nkhope ya njovu ndi ntchito imene anthu amaphunzira zaka. Njovu ikatambasula makutu, ikamapukusa mutu, ikamapalasa fumbi, yanena kale kuti muchoke. Yamphongo imene ikutuluka madzi akuda m'mbali mwa mutu, pakati pa diso ndi khutu, uku mkodzo ukudontha m'miyendo, ili m'nyengo yake yaukali ndipo siyandikiridwa. Gaidi amaona zimenezi inu musanazione. Amadziwa poimika galimoto kuti pakhale pothawira, amadziwa kuti galimoto siima pakati pa mayi ndi mwana wake, ndiponso kuti njovu zikamapita kumadzi sizitsekeredwa njira. Akati “khalani chete”, nyimbo ithe pomwepo, ngakhale ya Mulungu. Akati “tibwerere”, pasapezeke wonena kuti sitinajambule.

Musatsike m'galimoto pena paliponse kupatula pamalo amene gaidi walola. Mu Julayi 2024, ku Pilanesberg m'dziko la South Africa, mlendo wochokera ku Spain adaimitsa galimoto n'kutsika kuti ajambule gulu la njovu zomwe zidali ndi ana. Zidamupondaponda anzake akuona, ndipo adamwalira. Foni yafika m'manja mwa aliyense, ndipo chilakolako chodzijambula nyama ili kumbuyo chalowa m'mitima ya achinyamata athu. Chithunzi chotero chimafuna kuti mufulatire nyamayo, ndipo palibe cholakwika chachikulu m'tchire kuposa chimenecho. Ngakhale muli m'galimoto, musaimirire, musatulutse mutu kapena mkono pawindo. Mkango umaona galimoto ngati chinthu chimodzi chachikulu chosadyedwa. Munthu akasuzumira kunja, umazindikira kuti m'katimo muli zamoyo. Amene wafuna kutaya madzi anene poyera, gaidi apeze malo. Manyazi olowera nawo patchire wekha ndi amene amagundanitsa munthu ndi njati yokalamba yogona pamthunzi.

Ndikunena izi podziwa kuti ngakhale gaidi waluso sangaletse ngozi iliyonse. Pa 30 Malichi 2024, m'nkhalango ya Kafue ku Zambia, njovu yamphongo idathamangitsa galimoto ya alendo yoyendetsedwa ndi gaidi wodziwa ntchito, n'kuigubuduza, ndipo mayi wachikulire wa ku America adafa. Mu Julayi 2025, ku South Luangwa, kuseri kwa Chipata komwe amalankhula chinenero chathu chomwechi, amayi awiri, wina wa ku Britain wina wa ku New Zealand, adaphedwa ndi njovu yoyamwitsa ali paulendo wapansi. Adali ndi operekeza onyamula mfuti, ndipo njovuyo idawomberedwa, koma sidaime. Ngati zotere zikuchitikira anthu oyenda ndi akatswiri, taganizani za gulu la anthu makumi atatu odzazana m'minibasi, opanda wodziwa tchire, ena atalawa kale mowa kuyambira pa Bvumbwe.

Mowawo usakwere nawo. Mukamwe pobwerera, mutafika kwanu.

Za kumadzi ndiye zimandiopsa koposa, chifukwa ife a kumapiri sitidakule ndi mvuu kapena ng'ona. Tikaona mtsinje dzuwa likuswa mtengo, mtima umangoti tikasambe m'maso. Pa Shire musatero. Ng'ona imabisala pamadzi osaya m'mphepete penipeni, ndipo siioneka mpaka itagwira. Mwana asapite kukasamba m'manja kugombe, mayi asapite kukatsuka mbale za chakudya chamasana. Mvuu imaoneka yaulesi, koma pamtunda imathamanga kuposa munthu, ndipo ikakupezani pakati pa iyo ndi madzi imadutsa pa inu. Mu Meyi 2023, ku Nsanje, mvuu idagubuduza bwato lonyamula anthu 37 pa Shire. Mwana wachaka chimodzi adapezeka atafa ndipo anthu oposa makumi awiri adasowa m'madzi tsiku limenelo. Adali anthu akumeneko, odziwa mtsinje wawo, akuwoloka kupita kuminda. Mukafuna kuona nyama muli paboti ku Liwonde, kwerani boti la pamalopo lokhala ndi woyendetsa wovomerezeka, valani jekete yoyandamitsa, ndipo musathamangire mbali imodzi nonse poona mvuu. Munthu akakuitanani kuti akuyendetseni pabwato lake pamtengo wotsika, mukaneni.

Ena amaganiza kuti malamulo otere adaikidwa kuti avutitse munthu wakuda wosauka, azungu n'kumachita zofuna zawo. Ayi ndithu. Kumpoto kwa dziko la Canada kuli tauni yaing'ono yotchedwa Churchill, m'mphepete mwa nyanja ya Hudson Bay. Miyezi yomwe ino, Okutobala ndi Novembala, zimbalangondo zoyera zimasonkhana kumeneko kudikira kuti nyanja iundane zikasake. Alendo olemera amalipira ndalama zochuluka kuti akazione, koma amaziona ali m'zimagalimoto zazitali matayala, zoti chimbalangondo chikaimirira chisafikire munthu, ndipo kuchipatsa chakudya ndi mlandu. Ku Svalbard, zilumba za dziko la Norway, munthu satuluka kunja kwa mudzi popanda zida zoopsezera chimbalangondo, ndipo kuyambira 2025 lamulo likuti pakati pa munthu ndi nyamayo pakhale mamita osachepera 300. Kulikonse kumene anthu amakaona zilombo, lamulo ndi lomwelo: khala patali, mvera wokutsogolera.

Ku Svalbard komweko kudachitika nkhani imene aphunzitsi athu ayenera kuimva. Mu Ogasiti 2011 chimbalangondo chidalowa pamsasa wa achinyamata a ku Britain m'mamawa n'kupha mnyamata wa zaka 17, ena anayi n'kuvulala. Waya wochenjeza amene adatchera kuzungulira matenti sudagwire ntchito, ndipo mfuti ya wotsogolera idakana kulira poyamba. Ulendowo udali wokonzedwa ndi bungwe lodziwika, komabe zida zidawakhumudwitsa pa mphindi imene zidafunika. Aphunzitsi ndi makomiti a sukulu, mukamatenga ana a eni, yang'anani chilichonse musananyamuke. Lembani mayina a ana onse, muwawerenge pokwera ndi potsika paliponse. Pa ana khumi pakhale wamkulu mmodzi amene ntchito yake ndi kuyang'ana anawo, foni ili m'thumba. Makolo adziwe kumene mukupita, nambala ya galimoto ndi nthawi yobwerera. Dziwitsani a pageti tsiku lisanafike kuti mukubwera ndi ana angati, kuti akukonzereni gaidi. Ana asamapatse anyani ndi apusi nthochi kapena mandasi. Nyani wozolowera chakudya cha anthu amalanda, ndipo mano ake amang'amba koopsa. Mwana akalumidwa kapena kukandidwa, tsukani bala ndi sopo ndi madzi ambiri kwa mphindi 15, kenako mupite naye kuchipatala tsiku lomwelo chifukwa cha chiwewe.

Msewu nawonso uli ndi zake. Kuchokera ku Blantyre kutsikira ku Thabwa ndi chitsetso chachitali chokhotakhota, ndipo galimoto yodzaza mopyola muyeso imatenthetsa mabuleki isanafike pansi. Musalole kuti pampando wa anthu atatu pakhale asanu, ndipo lole yotsegula kumbuyo isalowe ndi anthu m'nkhalango ya mikango. Mukafika kuchigwa mudzapeza kutentha kumene thupi lozolowera mphepo ya ku Thyolo silikudziwa. Ku Chikwawa nyengo ino kumapyola madigiri 40. Aliyense anyamule madzi akumwa okwanira tsiku lonse, chipewa, ndipo odwala shuga ndi BP asaiwale mankhwala awo. Amene mukagone kumeneko tengani neti, ndipo wina akamva kutentha thupi patapita masiku mutabwerera, akayezetse malungo msanga ku chipatala cha boma pa Thyolo, ku Malamulo kapena kukiliniki ya paesiteti.

Pobwerera, wina akakutsatsani nyama yam'tchire, chikopa, mnyanga kapena mamba a ngaka m'mbali mwa msewu, musagule ngakhale kakang'ono. Lamulo loteteza nyama zakutchire lidakhwimitsidwa mu 2017, ndipo pa nyama zotetezedwa kwambiri chilango chimafika zaka 30 m'ndende. Apolisi akapeza katundu wotere m'galimoto, gulu lonse limachedwa pamsewu pofufuzidwa mwini wake.

Sindikuletsa aliyense kupita. Ndimafuna kuti mwana wa wothyola tiyi aone chipembere ndi maso ake, chifukwa nyamazi ndi zathu, ndipo Majete ali pafupi moti mutha kupita m'mawa n'kubwerera madzulo. Koma ulendo uliwonse ukhale ndi gaidi wa pamalopo, galimoto yabwino, dalaivala wosamwa ndi mtsogoleri mmodzi amene gulu lonse lagwirizana kumumvera. Atsogoleri a mipingo, akapitawo ndi mafumu, werengani chenjezoli pamisonkhano yanu sabata ino. Gulu limene latolera kale ndalama koma silinapeze gaidi liimitse kaye ulendo, lilankhule ndi ofesi ya pankhalango imene likupitako, ndipo linyamuke pokhapokha litauzidwa dzina la amene akalilandire pageti.