Kodi critic ndi wotsutsa kapena wopeta?

Mnzathu akatulutsa nyimbo n'kuiponya pa gulu la WhatsApp, mayankho timawadziwa kale: timoto mbwee, "yabeba", "mwaitha bwana". Wina angoyerekeza kunena kuti vesi yachiwiri ikukoka, basi wasanduka wansanje. Ine ndimaona kuti vuto lina lagona pa mawu. Munthu amene pa Chingerezi amati critic ife timathamangira kumutcha "wotsutsa", ngati phungu wa mbali ina ija ku Nyumba ya Malamulo.

Mawuwa ndi ochokera ku Chigiriki. Kritikos ndi munthu wodziwa kuweruza, ndipo tsinde lake ndi krinein, kutanthauza kulekanitsa kapena kusankha. Akatswiri a zinenero amati tsindeli ndi pachibale ndi cribrum, dzina la sefa pa Chilatini. Ndiye taganizirani mayi ali ndi lichero m'manja. Akamapeta sadana ndi mphale ayi, akuchotsa gaga kuti ufa udzayere. Ndipo wopeta weniweni amatha kukuonetsani kuti gaga ndi uyu, mphale ndi iyi. Wongoti "nyimboyi ndi mbola" osanena chifukwa sanapete kalikonse, wangotaya lichero lonse.

Kuno ku Zomba ntchitoyi si yachilendo. Gulu la alembi la Writers Group linayamba mu 1970 ku Chancellor College, koleji yomwe inasamukira kuno kunsi kwa phiri mu 1973. Mlembi ankabwera ndi ndakatulo yake, anzake n'kuisenda mzere ndi mzere iye ali pompo. Jack Mapanje ndi Frank Chipasula anadutsa m'gulu limeneli.

Koma nthawi yomweyo kunalinso woweruza wina, bungwe la boma loletsa mabuku ndi zisudzo, lokhazikitsidwa ndi lamulo la 1968. Ameneyu sankapeta, ankangotseka nkhokwe. Buku la Mapanje la 1981, Of Chameleons and Gods, linachotsedwa m'masitolo ndi m'masukulu, ndipo mu 1987 mwini wakeyo anatsekeredwa ku ndende ya Mikuyu mpaka 1991 popanda kuzengedwa mlandu. Mwina n'chifukwa chake mpaka lero tikamva zoti wina akuweruza luso timayamba tadzidzimuka.

Amene amandisangalatsa kwambiri ndi malemu Steve Chimombo, yemwe analemba za Napolo, chinjoka chomwe akuluakulu amati chikamasamuka m'phiri la Zomba chimagumula nthaka ndi madzi. Iyeyu sanakhutire ndi miyeso yobwereka kunja. M'buku lake la 1988 lonena za nthano, nyimbo ndi zaluso zina za makolo athu anapanga mawu akeake, ulimbaso, kuti luso lathu tiziliyeza ndi chinenero chathu. Mawuwo sanafale m'misika, komabe munthuyo anayesa.

Pawailesi ndi m'nyuzipepala mumamveka "wounika" ndi "wosanthula". Onse ndi abwino kuposa "wotsutsa", ngakhale "wounika" amandikumbutsa adokotala ndi tochi yawo. Ine pa tsamba lino ndizigwiritsa ntchito "wopeta", ndipo oimba a ku Chinamwali ndi ku Matawale amene mukufuna ndimve nyimbo zanu, muzitumiza mukudziwa zimenezo.