LAMYA ZA PA KANEMA NDI KUSUNGULUMWA MU BLANTYRE

Pamene wailesi yakanema ya Television Malawi inatsegulidwa ku Kwacha, mu mzinda wa Blantyre, m'chaka cha 1999, anthu owerengeka okha ndiwo anali ndi lamya. Lero lamya za m'manja zili ponseponse, kotero kuti munthu wa ku Bangwe kapena ku Chilomoni akhoza kuimba pa pologalamu, nalankhula dziko lonse likumva. Kodi mwayi umenewu ungathe kuchiza kusungulumwa?

Vutoli si laling'ono ayi. M'chaka cha 2025 bungwe la zaumoyo la WHO linalengeza kuti pa dziko lapansi munthu mmodzi mwa anthu 6 aliwonse ngosungulumwa, ndi kuti m'maiko osauka ndi pafupifupi mmodzi mwa 4. Boma la Britain linachita kusankhira nkhaniyi nduna m'chaka cha 2018.

Kalembera wa 1966 anapeza anthu oposa pang'ono 100,000 mu Blantyre. Wa 2018 anapeza 800,264. Komatu kuchuluka kwa anthu sindiko chinansi. Mphunzitsi wotumizidwa ku Limbe amasiya abale ake kumudzi. Wantchito wa Boma akapuma, amatsazikana ndi ofesi pamodzi ndi anzake ocheza nawo. Ku Namiwawa ndi ku Nyambadwe mipanda ya njerwa inatsekereza mbala ndi anansi omwe. Ku Chilobwe namondwe wa Freddy anabalalitsa m'chaka cha 2023 mabanja amene anali kupemphana moto.

Ubwino wa mapologalamu oimba lamya ngwakuti woimbayo saoneka nkhope, motero amaulula zimene sakananena pa bwalo, ndipo woonera amazindikira kuti sali yekha. Koma mayunitsi sachedwa kutha, ndipo lamya ikaduka munthu uja amatsala m'chipinda chomwecho. Kuwonjezera apo, nkhalamba ya ku Ndirande yopanda magetsi, imene ili yosungulumwa koposa, siiona n'komwe kanemayo.

Chifukwa chake nkoyenera kuti oulutsa azikhala ndi mlangizi pambali pawo, ndiponso azilozera woimbayo kumene angapite mawa lake: ku mpingo, ku mzikiti, ku banki m'khonde, kapena ku chipatala cha Queen Elizabeth ngati maganizo amulemera. Akulu a masukulu ndi a maofesi nawonso ali ndi gawo lawo, ndilo kufunsa kumene mnzawo watsopano akugona, ndi kuyendera amene anapuma ntchito. Kanema angathe kutchula nthendayo, koma mankhwala ali ndi mnansi. Akale anati kali kokha n'kanyama, tili tiwiri n'tianthu.