Mau a Mlangizi: Mtsikana Amene Anadziwa Mantha a Ng'ombe

Alimi anzanga a ku Thambani ndi midzi yonse ya Mwanza, sabata lino tiyambe taika pambali za nachesi ndi chimanga, tikambe za kanema wina. Dzina lache ndi Temple Grandin, ndipo anatuluka ku America m'chaka cha 2010. Nkhani yache inachitikadi, ndipo ikhudza ng'ombe ndi ana athu omwe.

Temple Grandin anabadwa mu 1947 m'mzinda wa Boston. Anachedwa kulankhula, sanali kufuna kukumbatiridwa, ndipo phokoso linali kumsautsa kwambiri. Chibadwa chotere madokotala achitcha autism. Si ufiti ai, kapena kuti makolo anakhwimira mwana. Munthu abadwa nacho. Dokotala anauza mai wache kuti akamsiye ku nyumba yosungirako anthu otere. Mai anakana, namphunzitsa kulankhula, namtumiza ku sukulu.

Atasinkhuka anapita kwa azakhali ache ku Arizona, kumene kunali ng'ombe zambiri, ndipo anazikonda. Pambuyo pache kanema atisonyeza iye alikukwawa m'njira yopita ku dibi, kuti aone zimene ng'ombe iona. Anapeza kuti ng'ombe ziopa tinthu timene ife sitisamala: mthunzi pansi, unyolo wolendewera, malaya opachikidwa pa mpanda, kunyezimira kwa madzi. Tsono anakonza njira yokhota, pakuti ng'ombe zikonda kuyenda mozungulira, ndiponso potsikira pa mizere kuti zilowe m'madzi osaterereka. Amuna a pa ntchito anamseka, nasintha dibi lache, ndipo ng'ombe zina zinamira. Iye sanagwe mphwai. Mu 1989 analandira digiri ya udokotala wa za ziweto, ndipo pambuyo pache anayamba kuphunzitsa pa Colorado State University.

Nanga kwathu kuno? Ana otere alipo m'midzi mwathu. Ena tiwatcha zitsiru, ena tiwatsekera m'nyumba alendo akabwera, ena tiyenda nao kwa asing'anga kufikira mbuzi zonse zatha m'khola. Si onse adzakhala ophunzira monga mai uja, ndipo ena adzafuna thandizo moyo wao wonse. Koma akakula afuna zimene mnyamata kapena mtsikana ali yense afuna: ntchito yache, ndalama yache, gowelo lache, ndi kuwerengedwa pakati pa anthu.

Chifukwa chache, makolo, chitani izi. Yang'anani chimene mwana wanu achikonda, mumpatse ntchito yogwirizana nacho, kaya kudyetsa nkhuku, kuthirira nazale ya nachesi kapena kusankha mbeu. Ena a iwo ntchito yobwereza tsiku ndi tsiku aigwira mosamala kwambiri. Msonyezeni ndi manja, mau akhale ochepa. Ntchito ikhale pa nthawi yomweyo masiku onse, ndipo ngati pali kusintha muuzeni kusanache. Musamkalipire, pakuti phokoso limpweteka. Akakolola, mupite naye ku msika, agulitse yekha, aphunzire kuwerenga ndalama. Mwana wamng'ono akachedwa kulankhula, kapena akapanda kucheuka pomuitana, pitani naye ku chipatala msanga.

Inunso mafumu, pogawa minda musamlumphe. Anyamata, muitaneni ku mpira ndi ku kalabu ya alimi. Atsikana otere tiwatchinjirize kwa amuna oipa, pakuti ena sangathe kunena chimene chawachitikira. Kumbukirani, mwana wa mnzako ngwako yemwe.

Makolo sakhala muyaya. Mwana amene aphunzira kugwira khasu ndi kuphika nsima mai ache ali moyo, sadzasauka tsiku limene iwo adzatisiya.

Sabata la mawa tidzakamba za nkhupakupa.

Ine wanu,
Mlangizi