Nkhondo ya kuseri kwa Dzalanyama

Mtsinje wa Diamphwe umachokera m'mapiri a Dzalanyama, ndipo kuseri kwa mapiriwo ndi ku Mozambique. Achinyamata a ku Mitundu ndi ku Nathenje nkhalango ya Dzalanyama amaidziwa ndi makala komanso asilikali oilondera. Akuluakulu amakumbukira zina za m'ma 1980: anthu otuluka m'tchire mitolo ili pamutu, ana kumsana, mapazi atatupa, akupempha pogona m'Chichewa chathu chomwechi. Ankachokera ku Angónia ndi ku Macanga m'chigawo cha Tete. Ambiri anali Aphiri ndi Abanda, ena Angoni a kwa Maseko, abale amene malire a Angerezi ndi Apwitikizi a mu 1891 anawasiya tsidya linalo.

Pofika 1992 dziko lino linkasunga othawa nkhondo oposa 1 miliyoni, eni akefe tisanakwane n'komwe 10 miliyoni. Ku Nsanje alendo anachuluka kuposa eni mudzi. Ku Dedza ndi ku Ntcheu ambiri sanakhale m'makampu ayi. Anyakwawa ankawalozera pomanga, a Red Cross n'kumawagawira ufa, nyemba ndi mafuta ophikira.

Tikamva za nkhondo yapachiweniweni, pakamwa pathu pamafulumira kunena kuti ndi chidani cha mitundu. Ine ndikukana kuti ndiye gwero lake, ndipo umboni wanga ndi nkhondo ya ku Mozambique imeneyi, yomwe inapha anthu pafupifupi 1 miliyoni kuchokera mu 1977 mpaka 1992.

Mfuti zoyamba za Renamo, gulu loukira boma la Mozambique, zinachokera kunja. Akazitape a boma la Ian Smith ku Rhodesia ndiwo analera gululi pofuna kulanga mtsogoleri wa Mozambique, Samora Machel, chifukwa chosunga asilikali a Robert Mugabe, ndipo Zimbabwe italandira ufulu mu 1980, boma la tsankho la ku South Africa linatenga udindowo. Zimenezi n'zoona. Koma mlendo angakupatse mfuti, sangakupatse midzi yokubisa ndi kukuphikira kwa zaka khumi ndi zisanu. Midziyo inapezeka bwanji?

Frelimo, chipani cha Machel, italanda boma mu 1975 inachotsa mafumu, ati anali zida za Apwitikizi, n'kuika masekeretale a chipani m'malo mwawo. Miyambo ya makolo inatchedwa zaumbuli. Tangoganizani izi zitachitika kwa Chiseka kapena kwa Chadza: amene amagawa minda, kuweruza milandu, kuloleza maliro ndi kusunga mzinda auzidwe kuti kuyambira lero ndi munthu wamba, ndipo mnyamata wa dzulodzuloli wonyamula khadi la chipani ndiye aziitanitsa bwalo. Kenaka anthu anasamutsidwa m'midzi yawo, kusiya manda a makolo ndi mitengo ya mango, kukaunjikidwa m'midzi ya boma yotalikira minda yawo. Ku Angónia, nthaka yachonde imene atsamunda anasiya sinabwerere kwa eni ake. Inasanduka munda waukulu wa boma wotchedwa CAIA. M'masitolo munalibe sopo, mchere kapena nsalu, choncho mlimi ankazembetsa chimanga ndi mbatata yake kudzagulitsa kuno. Renamo itafika n'kunena kuti mafumu abwerere pamipando ndipo aliyense apite kumunda kwake, panali makutu okonzeka kumva.

Pasakhale wondimva molakwa. Amatsanga, monga asilikali a Renamo ankatchulidwira potengera dzina la mtsogoleri wawo woyamba André Matsangaissa, ankadula anthu makutu ndi milomo, kutentha zipatala ndi sukulu, kugwira ana kuti akhale asilikali. Dandaulo la munda silitsuka magazi amenewo. Chimene ndikunena n'chakuti nkhanzazo zinapeza polowera pamene boma linaphwanya kale.

Za mitundu zinalipo ndithu. Atsogoleri a Frelimo, Eduardo Mondlane, Machel ndi Joaquim Chissano, onse anali a ku Gaza, kumwera, pamene mtsogoleri wa Renamo, Afonso Dhlakama, ndi akuluakulu ambiri a asilikali ake anali Andau a chapakati. Anthu a pakati ndi kumpoto ankaona kuti maudindo ndi chuma zikuthera ku Maputo, ndipo pachisankho cha 1994 Renamo inapambana ku Sofala, Manica, Tete, Zambézia ndi Nampula, n'kutenga mipando 112 mwa 250. Koma kuno kumalire kunalibe Mshangani kapena Mndau woti n'kudana naye. Harri Englund, amene anakhala pakati pa anthu a m'malire a Dedza ndi Angónia nkhondo ikutha n'kulemba buku lotuluka mu 2002, anapeza kuti mudzi umodzi, wa chiyankhulo chimodzi, unkagawikana pakati pa Frelimo ndi Renamo motsata mikangano ya ufumu, ya maudindo ndi ya pachibale. Mtundu unkabwera pambuyo, ngati mpini woikidwa pa nkhwangwa yosulidwa kale.

Mtendere nawo sunabwere ndi mawu okoma okha. Zokambirana za ku Rome, zimene anayendetsa a bungwe la Chikatolika la Sant'Egidio pamodzi ndi Arkibishopu Jaime Gonçalves wa ku Beira, zinatenga zaka zoposa ziwiri mpaka kusainirana pa 4 Okutobala 1992. Chimene chinaugwiriziza ndi zinthu zogwirika. Asilikali otula pansi zida a mbali zonse analandira malipiro kwa zaka ziwiri, kuphatikizapo mbewu ndi makasu. Renamo inapatsidwa ndalama kudzera ku United Nations kuti isanduke chipani. Kuyambira 1995 Bishopu Dinis Sengulane ndi bungwe la mipingo ankasinthanitsa mfuti ndi makasu, njinga, malata ndi makina osokera. M'midzi, mnyamata wobwera kunkhondo ankayamba wasambitsidwa mankhwala asanalowe m'nyumba ya mayi ake, ndipo mu 2000 boma la Frelimo lomwelo linavomerezanso mafumu mwalamulo.

Zimene sizinakonzedwe zinadzukanso. Abwanamkubwa a zigawo ankasankhidwabe ku Maputo, malasha a ku Moatize ankadutsa pa njanji kupita ku doko eni nthaka atasamutsidwa, ndipo mu 2013 mfuti zinaliranso. Mu 2016 tinaona anthu oposa 10,000 ataunjikana pa Kapise ku Mwanza, ndipo kumapeto kwa 2024 enanso anawolokera ku Nsanje pothawa zipolowe za chisankho.

Ife timakonda kudzitama kuti ndife dziko lamtendere, ndipo tili ndi chifukwa. Kalata ya mabishopu ya 1992, Public Affairs Committee ndi riferendamu ya 1993 zinatiwolotsa popanda nkhondo. Komabe mu 1994 tinavota motsata zigawo, Chihana kumpoto, Kamuzu pakati, Muluzi kumwera, ndipo chizolowezicho sichinatitaye. Zimene zinachitika kwa Msundwe mu Okutobala 2019, wapolisi kuphedwa ndi miyala kenaka amayi ndi atsikana kugwiriridwa pobwezera, zinachitika m'boma lathu lomwe lino la Lilongwe. Chisankho cha 2025 chisanafike tinaona anyamata a zikwanje akutema ochita zionetsero mumzinda masanasana.

Anyamata oterowo sagwa kumwamba. Pitani pa msika wa Mitundu muwerenge a kabaza amene akulimbirana munthu mmodzi wotsika minibasi. Ambiri kwawo munda unagawidwa mpaka kutsala kachigamba kosakwana ekala, fetereza sangamufikire, ndipo mzinda ukamakula molowera ku Bunda ndi ku Nathenje, minda ikugulitsidwa kwa anthu a ndalama, nthawi zina mbumba isakudziwa. Wandale wobwera ndi kachikwama ndi mawu akuti "a chigawo chakuti akutidyera" amapeza ntchito yatheka kale.

Lamulo la 2022 linakhazikitsa Malawi Peace and Unity Commission ndi makomiti a mtendere m'maboma. Ndikupempha kuti komiti ya Lilongwe isamadikire nyengo ya kampeni kuti ikachititse msonkhano kuhotela. Ikakhale nawo pa mabwalo a milandu ya malo kwa Chiseka, kwa Chadza ndi kwa Masula, imve amene akugulitsa minda ndi amene akulandidwa. Nkhani ya damu la Diamphwe, loti lidzamwetse mzinda wa Lilongwe, yakhala ikumveka kwa zaka zambiri, ndipo kumanga kwake kudzasamutsa mabanja a mbali ya Lilongwe ndi ya Dedza. Tsiku limene idzayambirenso, maina a olandira chipukuta misozi, kukula kwa munda wa aliyense ndi ndalama zake ziwerengedwe mokweza pabwalo, amayi eni minda ali pomwepo, ndipo za manda zikambidwe ndi mafumu thirakitala isanafike.