Werengani Uthenga Musanafufute Masewera

Masewera a pakompyuta akakana kuyamba pa Steam, pulogalamu imene kampani ya Valve idakhazikitsa mu 2003, ambiri amathamangira kuwafufuta n'kuwakopanso pa intaneti. Ine ndikuona kuti mchitidwewu ndi wotayitsa nthawi ndi ndalama, poti masewera ena amaposa magigabaiti 50.

Kawirikawiri kompyuta imanena yokha chimene chavuta. Ikalemba kuti MSVCP140.dll ikusowa, chofunika ndi kuika Microsoft Visual C++ Redistributable, imene Microsoft imapereka mwaulere. Kutola fayiloyi pamasamba osadziwika n'kudziitanira mavairasi. Fayilo ya masewera ikaonongeka, Steam ili ndi batani la "Verify integrity of game files" limene limakopanso zoonongeka zokhazo. Nthawi zina vuto limakhala madiraiva akale a NVIDIA kapena AMD. Komanso kuyambira pa 1 Januwale 2024 Steam idaleka kuthandiza Windows 7 ndi 8, choncho pamakompyuta oterewa kufufuta sikungaphule kanthu.

Ena amati mauthengawa ndi ovuta chifukwa ali m'Chingerezi cha akatswiri. N'zoona, komatu ife ophunzira zilankhulo ntchito yathu ndi yomweyi: kufukula tanthauzo m'mawu ochepa. Paja akuluakulu adati kuona maso a nkhono n'kudekha. Tiyeni tiziwerenga kaye tisanadine batani lililonse.