Chilala Chisatipezenso Tili M'tulo

Achinyamata ambiri masiku ano amakonda mafilimu oopsa a ku South Korea. Mu sewero lina lotchedwa Kingdom, la 2019, mliri wa anthu odya anzawo udafala pamene odwala anjala adamwetsedwa msuzi wa mtembo. Alembi ake adadziŵa kuti palibe mzukwa woopsa kuposa njala.

Anthu a kwa Mfumu Malemia, m'boma la Nsanje, safuna kanema kuti amve zimenezi. Mvula ikakana, amayi amaloŵa m'madambo a Shire kukazula nyika, ng'ona zili pomwepo. Chilala chidawapsereza mu 1992, chidabweranso mu 2016. Mu March 2024 boma lidalengeza kuti maboma 23 mwa 28 a dziko lino agwa m'ngozi chifukwa cha El Niño, kutentha kwa madzi a nyanja ya Pacific kumene kumasokoneza mvula padziko lonse. Chaka chomwecho Zambia ndi Zimbabwe nawo adalira, madzi atatsika pa Kariba.

Choncho chilala si mlendo wodzidzimutsa, ndipo chimene chimabwerabwera chiyenera kukonzekeredwa. Poyamba, mlimi wa kuchigwa asanyoze mapira ndi mchewere, mbewu zimene makolo adazisankha chifukwa zimapirira dzuŵa kuposa chimanga. Chachiŵiri, ndi zamanyazi kugona ndi njala pamene Shire akudutsa pakhomo chaka chonse. Madimba alimidwe, ndipo ngalande yaikulu yothirira yochokera ku Kapichira isachedwe kufika kwa alimi a Nsanje.

Chachitatu ndi mitengo. Nkhalango ya Khulubvi, kumene kuli kachisi wa Mbona, idaima mpaka lero chifukwa mwambo udaletsa nkhwangwa. Mapiri a kumadzulo kwa boma nawonso afunika ulemu womwewo, pakuti phiri ladazi silisunga madzi. Anthu a ku Korea omwewo adatsala ndi mapiri oyera nkhondo itatha mu 1953, koma kuyambira 1973 adabzala mitengo mtundu wonse pamodzi, ndipo lero mapiriwo ndi obiriŵira. Phunziro la ku Korea ndi limenelo, osati mizukwa ya pakanema.

Mafumu, alangizi a zaulimi ndi atsogoleri a chipani m'nthambi zonse ayende mudzi ndi mudzi mvula isanagwe. M'mera mpoyamba. Chuma chili m'nthaka, koma nthaka imabwezera iye yekha amene waisamala.