KHUTU NDI MTHENGA WOCHEDWA

Abale, chiripo chiphunzitso china m'midzi yathu ino ya ku Phalombe, chosalembedwa m'buku, koma chogwira mitima kolimba. Chiti mau ndiwo aitana zinthu, ndi kuti chinthu chiyamba pa nthawi imene khutu lichimva. Kadzidzi akalira pa denga, ati waitana maliro. Phiri likachita mkokomo, ati Napolo wanyamuka tsopano. Wofuna kuchibveka chiphunzitsochi malaya a sayansi adzati: khutu ndilo liyala nthawi, ndipo chimene sichinamveke sichinachitike. Ife tikana zonsezi, pakuti si zoona, ndiponso zikhoza kutaitsa moyo.

Taimani pa mtunda, nimupenye munthu alikudula mtengo kutsidya kwa dambo. Nkhwangwa igwa, iye aikwezanso, ndipo pamenepo mpomwe mumva kuti go! Kodi mauwo ndiwo anagwetsa nkhwangwa? Iai ndithu. Nkhwangwa inatema kale, mau anatsala m'mbuyo pa ulendo. Mau ali ngati mafunde a pa nyanja ya Chilwa mutaponyamo mwala: chinthu chigwedeza mpweya, mpweyawo ugwedeza unzache, kufikira afika m'khutu. Ayenda mamita ngati 340 pa sekondi imodzi, pamene kuunika kuyenda makilomita 300,000 pa sekondi yomweyo. Chifukwa chache muyamba kuona mphezi, bingu nkumveka pambuyo. Mukawerenga masekondi 3 pakati pa izi ziwiri, dziwani kuti mphezi yagwa pa mtunda wa kilomita imodzi.

Izi sitinazipeke ife. Kuchiyambi kwa zaka za m'ma 1700, mbusa wina wa ku England, dzina lache William Derham, anakwera pa nsanja ya tchalichi chache ku Upminster, napenya moto wa mfuti zoombedwa kutali, nawerenga nthawi kufikira kulira kwache kunamfika. Ndipo m'chaka cha 1883, pamene phiri la moto la Krakatoa linaphulika ku Indonesia, anthu a pa chilumba cha Rodrigues, makilomita ngati 4,800 kuchokera kumeneko, anamva kugunda patapita maora ngati 4. Tsono tifunse aphunzitsi a khutu aja: kodi phirilo linadikira maora 4 kuti liphulike, kufikira a ku Rodrigues atalimva?

Tibwere kwathu. Pa 10 March 1991, mvula yaikuru itagwa, phiri la Michesi linagumuka, ndipo madzi, matope, miyala ndi mitengo zinatsikira pa Phalombe, nizipha anthu mazana. Ku Zomba zotere zinaoneka m'chaka cha 1946. M'mwezi wa March 2023 namondwe wa Freddy anagwetsanso mapiri ku Phalombe, Mulanje, Chiradzulu ndi Blantyre. M'dziko lonse anafa anthu oposa 600, ndi ena mazana anasowa. Magwero a zoopsazi adziwika. Mvula ilowa m'dothi la pa phiri kufikira likhuta madzi, lilemera, nilitereka pa thanthwe liri pansi pache. Potsika likokolola miyala, ndipo kugundana kwa miyalayo ndiwo mkokomo umene anthu aumva. Kudula mitengo ndi kulima m'mapiri kuonjezera ngoziyi, pakuti mizu ndiyo imanga dothi.

Taonani tsono kuopsa kwa bodza lija. Munthu wokhulupirira kuti chinthu chiyamba pomveka, akhala m'nyumba mvula irikugwa usana ndi usiku, nati, Sindinamve kanthu, ndidzathawa ndikamva. Koma dothi likagumuka pa mtunda wa makilomita 3, mau ache afika atapita masekondi 9, ndipo matope ali kale pa njira, nathamanga koposa munthu. Nanga nkhalamba ndi makanda mudzawanyamula nthawi yanji?

Wina adzati, Kodi makolo athu anali opusa potchula Napolo? Sititero ai. Iwo anapenya bwino, nasunga m'dzina limeneli chikumbutso chakuti mapiri awa agumuka, ndi kuti madzi abwerera m'njira zao zakale. Chimenecho tichigwiritse. Chimene tikana ndicho kuyesa mau kholo la chinthu, pamene ali mwana wache. Kadzidzi alira usiku monga mwa chibadwidwe chache, nasaka mbewa. Wodwala m'nyumbamo afuna chipatala, si mwala woponyera mbalame ai.

Alipo mau amodzi amene atsogola ngozi, ndiwo chenjezo la anthu. A zanyengo aona namondwe akali pa nyanja yaikuru ya Indian Ocean, nalengeza pa wailesi masiku asanafike kuno. Mau amenewa ndiwo oyenera kuwatchera khutu. Inu akuru a mpingo ndi mafumu, panganani mvula isanayambe malo okwera ndi otalikira makwawa kumene mudzi udzathawira. Mvula ikapitirira, mtsinje ukada ndi matope, kapena ukaphwa mwadzidzidzi mvula iri mkati, tulukani osadikira mkokomo. Ndipo ukakupezani mkokomowo, musatsike ndi khwawa, koma thawirani cham'mbali, pa mtunda. Wakutsina khutu ndi mnansi.